Filimu Imalowera M'khutu: Shemu Joyah ndi Nyanja ya ku Mangochi

Filimu ya Chimalawi ikangotuluka, mafunso amakhala awiri omwewo. Kodi ili ndi phunziro lanji? Nanga zithunzi zake n'zoyera? Mtolankhani akayankha awiriwa, n'kuwonjezerapo dzina la mlendo wolemekezeka amene anabwera pa tsiku lokhazikitsa filimuyo, ndi dandaulo la mwini wake loti boma silithandiza aluso, basi ndemanga yatha. Zakhala chonchi kwa zaka zoposa 15 ndipo zafika potopetsa. Funso lomwe likadayenera kukhala patsogolo silifunsidwa n'komwe: kodi filimuyo ikumveka bwanji m'khutu?

Woyenera kuyamba naye pa nkhaniyi ndi Charles Shemu Joyah. Bamboyu sanapite kusukulu ya mafilimu. Ntchito yomwe anaiphunzira ndi yoyeza malo, za kamera anadziphunzitsa yekha, kenako anayambitsa kampani yake ya FirstDawn Arts. Filimu yake yoyamba, Seasons of a Life ya mu 2008, ndi nkhani ya Sungisa, mtsikana wantchito zapakhomo amene anabereka mwana wa bwana wake, n'kudzabweranso patapita zaka kudzamenyera mwanayo kukhoti. Filimuyi inalandira mphotho ku chikondwerero cha mafilimu cha ku Zanzibar mu 2009, ndipo mu 2010 Tapiwa Gwaza anabwera ndi mphotho ya Africa Movie Academy Awards chifukwa cha mbali yomwe anasewera m'menemo. Mu 2017 panabwera The Road to Sunrise, ya amayi awiri oyendayenda mumzinda wa Blantyre. Iyi inapambana ngati filimu yabwino koposa ya kumwera kwa Africa pa mphotho za AMVCA mu 2018, ndipo ndi filimu yoyamba yomwe Malawi anatumiza ku mpikisano wa Oscar.

Zonsezi n'zoona, ndipo zinalembedwa kambirimbiri. Koma kutchula mphotho si kuunika filimu. Mndandanda wa zikho umangouza owerenga kuti kwinakwake kuli anthu omwe anakondwa. Sufotokoza chomwe chinawakondweretsa.

Pakati pa mafilimu awiriwa pali The Last Fishing Boat ya mu 2012, yomwe nkhani yake ikuchitikira m'mbali mwa nyanja ku Mangochi, ndipo ndi imeneyi yofunika kuimapo nthawi yaitali. Malemu Hope Chisanu anasewera ngati Yusufu, msodzi amene kale anali munthu pakati pa anthu, koma tsopano ukonde ukubwerera wopepuka. Mwana wake Mustafa wataya nkhafi, akuperekeza alendo odzaona nyanja, ndipo m'mudzi muli manong'onong'o oti mnyamatayo akugona ndi azungu, aakazi ndi aamuna omwe, pofuna ndalama. Mkazi wachitatu wa Yusufu, Abiti Anefa, amene anamusewera Flora Suya, wagwa m'diso la mzungu wina dzina lake Richard. Nkhani yotereyi sinachoke m'mutu mokha. Aliyense wodziwa Cape Maclear, Monkey Bay ndi mahotela a m'mbali mwa msewu wochokera ku Mangochi boma amawadziwa anyamata ongozungulira pamchenga aja, ndipo asodzi a ku nyanja ya Malombe angakuuzeni mmene chambo chinatsikira kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1990.

Filimuyi itatuluka, pakamwa pa anthu panadzaza za mathanyula, mitala ndi chikhalidwe. N'zosadabwitsa, poti panali patangopita zaka ziwiri kuchokera pamene amuna awiri anagamulidwa zaka 14 ku Blantyre chifukwa cha chinkhoswe chawo, n'kudzakhululukidwa ndi Bingu wa Mutharika mu Meyi 2010. Koma taonani chomwe oweruza a Africa Movie Academy Awards anasankha atakumana ku Yenagoa m'dziko la Nigeria mu 2013. Flora Suya anali m'gulu la opikisana pa mphotho ya wosewera wamkazi, koma chomwe The Last Fishing Boat inatenga ndi mphotho ya nyimbo za m'filimu, ntchito yomwe woimba Agorosso anaikapo dzanja. Akuluakulu anati mlendo ndiye amadza ndi kalumo kakuthwa. Anthu akunja anatchera khutu, ife eni ake tili kalikiliki kukangana ngati filimuyo ili ndi mwambo kapena ayi.

Kujambula nyanja n'kosavuta. Dzuwa likamatuluka kumapiri a kutsidya kwa Makanjira, ngakhale mwana wa Folomu 2 wa foni yong'aluka galasi angathe kutenga chithunzi chokongola. Ndiye chifukwa chake kutamanda filimu ya kunyanja kaamba ka kukongola kwa zithunzi n'kutamanda Mulungu, osati wojambula. Za ma drone omwe masiku ano amauluka pamwamba pa filimu iliyonse, kuonetsa mchenga ndi madenga a malata popanda chifukwa, tisatayepo nthawi.

Chovuta ndi kutola mawu a nyanja, ndipo apa ndi pomwe mmisiri amasiyana ndi wongoyerekeza. Kuyambira cha mu Meyi mpaka Ogasiti kumaomba mwera. Mphepoyo ikagunda maikolofoni yosaphimbidwa imatulutsa phokoso logugumiza lomwe limameza mawu a munthu, ndipo palibe kompyuta yomwe ingalichotse bwinobwino popanda kupundula mawuwo. Mankhwala ake ndi odziwika: maikolofoni yapandodo yomwe munthu wina amaigwirira pamwamba pa mitu ya osewera, itavekedwa chophimba chaubweya, ndi kuimika osewerawo moti misana yawo kapena khoma la boti zitchinge mphepo. Ambiri mwa ojambula athu amadalira kamaikolofoni ka pakamera, kamene kamamva bwino kupuma kwa wojambulayo kuposa mawu a munthu amene waima mamita asanu kutsogolo.

Ndiye pali mafunde. Mafunde sasiya kulankhula, ndipo sabwereza chimodzimodzi. Wojambula akatenga nkhope ya mwamuna m'mawa nyanja ili bata, n'kudzatenga yankho la mkazi masana mphepo itadzuka, polumikiza zidutswa ziwirizo nyanja imadumpha: apa phee, apo phwaa, kenako pheenso. Diso silizindikira chavuta, koma thupi la woonera limadziwa kuti lanamizidwa, ndipo chikhulupiriro chake pa nkhaniyo chimayamba kuthothoka. Odziwa ntchito amati akamaliza kujambula pamalo, aliyense akhale chete kwa mphindi imodzi kapena ziwiri kuti atole mawu a malowo okhaokha, omwe pambuyo pake amawayala pansi pa zokambirana zonse kuti pasaoneke msoko. Ndi ntchito yosafuna ndalama. Imangofuna kuti anthu khumi atseke pakamwa, mwina ndiye chifukwa chake siichitika kawirikawiri.

Koma kuchotsa phokoso ndi chiyambi chabe. Chosangalatsa, chomwe chimachititsa munthu kufuna kuimirira pampando, ndi pamene mawu ayamba kunena nkhani yomwe chithunzi sichikunena. Doko la asodzi ku Msaka kapena ku Malembo lili ndi mawu ake a ola lililonse. Kusanache kumamveka azana kuchokera kumzikiti. Kenako injini za maboti obwerera, aliyense ndi kaliridwe kake, moti mkazi wa msodzi amadziwa boti la kwawo lisanatulukire. Alovi akukoka chilimira amaitanizana, amayi ogula akukangana mitengo ya usipa pa ndowa, ana akuthamangitsa akhwangwala pa thandala, nkhwazi ikulira patali. Usiku siginala ali yekha m'bwato ndi nyali zake, kuyembekezera kuti nsomba zisonkhane. Ngakhale nyalizo zasintha mawu: zakale zopopa zija zinkalira mosalekeza usiku wonse, pomwe mababu a batire a masiku ano ali duu. Wopanga filimu amene akufuna kuonetsa kuti nyanja yasauka safunika kuika mkulu wina pansi pa mtengo kuti afotokoze za kutha kwa chambo. Angotimvetsa doko lodzaza phokoso kumayambiriro, ndiye pakati pa filimu atibwezere pa doko lomwelo injini imodzi yokha ikulira, amayi osakangananso chifukwa palibe chokanganirana. Woonera amva njala m'khutu, asanauzidwe.

Nkhani ya Yusufu ndi ya mtundu umenewu. Ndi munthu amene dziko lake likuzimirira, ndipo m'malo mwake mukulowa mawu ena: nyimbo za pabala ya alendo, Chingerezi cha anyamata apamchenga, kuseka kwa anthu omwe abwera kudzapuma pamalo pomwe iye akuvutikira chakudya. Zaka zochepa filimuyi isanatuluke, chikondwerero cha Lake of Stars chinkachitikira ku Nkopola, zokuzira mawu zikugunda mpaka mbandakucha, asodzi ali pamadzi chapafupi pomwepo. Maiko awiri pagombe limodzi, ndipo malire awo amamveka kuposa mmene amaonekera. Wounika filimu weniweni akadakhala pansi ndi The Last Fishing Boat n'kufunsa kuti: nyimbo ikulowa pati, ikutuluka pati? Ndi pati pomwe Joyah wasiya nyanja kuti ilankhule yokha, ndipo ndi pati pomwe waopa chete n'kuitana gitala? Yusufu akamayankhula ndi mwana wake, tikumva chiyani kumbuyo kwawo? Mafunso amenewa akadathandiza Joyah, ndi achinyamata omwe akumutsatira, kuposa matamando onse a m'nyuzipepala.

Pa nyimbo pomwepa ndi pomwe mafilimu athu ambiri amachimwira. Mayi akalira, piyano. Bambo akakwiya, ng'oma. Anthu akamayenda kuchoka pakhomo kupita kumsika, nyimbo yonse ya mphindi zinayi mpaka ithe, poti woimbayo ndi mnzake wa mwini filimu. Nthawi zambiri nyimboyo sinaikidwe kuti inene kanthu, yaikidwa kuti ibise mawu otoledwa moipa, monga tsabola wambiri pa usipa wogona. Ku Mangochi kuli beni, kuli sikiri, kuli manganje, nyimbo zomwe zingamveke kuchokera kuseri kwa nyumba ngati mbali ya moyo wa mudziwo, osewera n'kumazimva limodzi ndi woonera. Nyimbo yotero imauza munthu malo, nyengo ndi chipembedzo cha anthu nthawi imodzi. Piyano ya pakompyuta imangouza munthu kuti tsopano ulire.

Chodabwitsa n'chakuti Amalawi ndi anthu a khutu. Dziko lino linakhala lopanda wailesi yakanema yakeyake mpaka mu 1999, ndipo mibadwo yathunthu inaleredwa ndi MBC: Kapalepale, Pamajiga, Sewero la Sabata Ino. Opanga masewero amenewo ankadziwa kumanga mudzi wonse ndi chitseko cholira, tambala ndi mapazi. Hope Chisanu mwiniwakeyo anali munthu wa pawailesi, wodziwa kulemera kwa liwu. Nanga luso limeneli linatayika pati? Zikuoneka kuti filimu yathu inatengera kwambiri ku zisudzo za pasiteji, kwa Wakhumbata ya Du Chisiza Jr, kwa Kwathu, kwa Izeki ndi Jakobo, komwe wosewera amayenera kukuwa kuti wa kumpando wakumbuyo amve. Pasiteji n'zoyenera. Koma maikolofoni ili pafupi, imamva ngakhale kumeza malovu. Mwamuna ndi mkazi wake ali m'chipinda usiku, akukambirana chinsinsi, koma akulankhula ngati akuitanira minibasi ya ku Monkey Bay. Wowongolera filimu amene sangathe kuuza wosewera wotchuka kuti "achimwene, tsitsani mawu" sanayambe ntchito.

Kenako chilankhulo, chomwenso ndi nkhani ya khutu. Seasons of a Life inatsamira pa Chingerezi, ndipo ngakhale nkhani yake ndi ya anthu ophunzira ndi makhoti, pali malo pomwe mawu amamveka kuti analembedwa papepala ndi munthu wokonda mabuku, osati kuti atuluka m'kamwa mwa munthu wopsa mtima. Limeneli ndi vuto la Joyah lomwe omutamanda salitchula: ndi mlembi, ndipo mlembi amakonda chiganizo chomalizidwa bwino, pomwe anthu enieni amadulana pakamwa, amayamba mawu osawamaliza. Kunyanja nkhaniyi imakula. M'mudzi wa asodzi kumwera kwa nyanja munthu mmodzi amatha kupemphera m'Chiarabu, kukalipira mwana m'Chiyao, kugulitsa nsomba m'Chichewa, n'kupempha mzungu ndalama m'Chingerezi, zonsezi dzuwa lisanafike pamutu. Ndani akulankhula chiti, kwa yani, ndipo wasinthira pati? Pamenepo ndi pomwe pagona ulamuliro, manyazi ndi chikondi. Abiti Anefa ndi Richard, mkazi wa msodzi ndi mlendo wa ndalama m'thumba, nkhani yawo yonse yaima pa zomwe sangathe kuuzana. Kusamvana koteroko ndi chuma kwa wopanga filimu, chifukwa kumakakamiza maso, manja ndi chete kugwira ntchito.

Ena anazindikira izi kalekale. Mu 1948 Luchino Visconti anapanga La Terra Trema ndi asodzi enieni a m'mudzi wa Aci Trezza ku Sicily, akulankhula chilankhulo chawo chomwe ngakhale anthu ambiri a ku Italy komweko sankachimva. Ousmane Sembène wa ku Senegal, yemwenso anayamba ngati mlembi, anajambula Mandabi m'Chiwolof mu 1968 chifukwa ankafuna kuti anthu omwe sangawerenge mabuku ake adzimve okha akulankhula. Djibril Diop Mambéty mu Touki Bouki ya mu 1973 ankaika dala mawu osagwirizana ndi chithunzi, kuti woonera amve chipwirikiti cha m'mitu ya achinyamata olota za ku Paris. Pafupi pompano, Rungano Nyoni anapanga I Am Not a Witch ku Zambia mu 2017, Chinyanja chikumveka m'menemo pamodzi ndi zilankhulo zina, n'kukatenga mphotho ya BAFTA chaka chotsatira. Ndipo tonse tikukumbukira mmene Amalawi anasekera Chichewa cha Chiwetel Ejiofor mu The Boy Who Harnessed the Wind mu 2019. Bamboyo anayesetsa, ndipo filimuyo ndi yopangidwa mwaluso, koma khutu la Mmalawi silinalole. Ndiye kuti khutu tili nalo. Timangolitulutsa pofuna kuseka mlendo, pa mafilimu athu timalisiya kunyumba.

Apa ndi pomwe kusowa kwa ounika kumapwetekera. Ku France, François Truffaut ndi Jean-Luc Godard anayamba ndi kulemba ndemanga zaukali m'magazini ya Cahiers du Cinéma asanagwire kamera. Paulin Soumanou Vieyra, mmodzi mwa omwe anapanga Afrique-sur-Seine mu 1955, anathera moyo wake akujambula komanso kulemba za mafilimu a anzake. Férid Boughedir wa ku Tunisia anadziwika ngati wounika asanatulutse Halfaouine mu 1990. M'maiko amenewo kupanga ndi kuunika zinakulira limodzi, zikukangana, zikunolana. Kuno munthu ngati Joyah anayenera kukhala wounika wa iye mwini: kuonera mafilimu a ena, kuwamasula chidutswa ndi chidutswa, kudzifunsa chifukwa chomwe ichi chagwira mtima pomwe icho chalephera. Munthu wodziphunzitsa yekha alibe njira ina. Koma munthu sangadzione pamsana. Mafilimu atatu m'zaka pafupifupi 10 ndi ochepa, ndipo pa filimu iliyonse wopanga amafunika wina womuuza mosapsatira kuti apa munatalikitsa, apa nyimbo yaononga, apa munapeza chinthu chachikulu, musachisiye.

Chomwe amalandira m'malo mwake ndi ulemu. Dziko ndi laling'ono, wolemba ndi wojambula amakumana pa ukwati Loweruka, ndiye aliyense amaopa kutchedwa wansanje. Komanso pali chizolowezi chomwe chinabwera ndi mafilimu a mabungwe, aja ophunzitsa za Edzi, maukwati a ana ndi kusamba m'manja, omwe amayesedwa ndi funso limodzi: uthenga wafika? Mafilimu oterowo ali ndi ntchito yake, koma anatizoloweza kuona filimu ngati chikwangwani choyenda. Joyce Mhango Chavula atapambana AMVCA mu 2016 ndi filimu ya Lilongwe, kapena Gift Sukez Sukali atatulutsa Fatsani mu 2020, kunali kuomba m'manja kokwanira, n'zoyenera. Zolemba zofotokoza mmene mafilimuwo anamangidwira, zomwe mnyamata wa ku Namwera wofuna kuphunzira angawerenge m'Chichewa, ndi zomwe zikusowabe.

Mwina ounika enieni omwe tili nawo ndi anyamata omasulira mafilimu aja. Lowani m'kachisakasa koonetsera mafilimu pamsika uliwonse kuchokera ku Mangochi boma mpaka ku Monkey Bay, mupeza filimu ya ku China kapena ku India ikulankhula Chichewa. Womasulirayo amatsitsa mawu enieni, n'kuikapo ake: amatchula osewera mayina akumudzi, amachenjeza kuti uyu ndi mfiti musamukhulupirire, amanyoza pomwe nkhani yazizira, amakuwa pomwe yatentha. Anthu ophunzira amazinyoza, ndipo n'zoona kuti eni mafilimuwo salandirapo kanthu. Koma taonani chomwe anyamatawa atsimikiza. Chithunzi chimakhala chosaoneka bwino, sikirini yaing'ono, chipinda chotentha, benchi yolimba, koma anthu amalipira n'kukhala maola awiri, ndipo amasankha filimu potengera dzina la womasulira, osati la amene anaijambula. Chomwe akugula ndi liwu.

Wachinyamata wa ku Mangochi amene lero akusonkha ndalama zoti ajambulire filimu yake yoyamba adzauzidwa ndi anzake kuti agule kamera yaikulu, abwereke drone, apeze mtsikana wokongola ndi nyumba ya mpanda. Palibe amene adzamuuze kuti apatule munthu mmodzi wongoyang'anira mawu, wovala zomvera m'makutu kuyambira m'mawa mpaka madzulo, wokhala ndi mphamvu yoimitsa ntchito yonse njinga yamoto ikamadutsa kapena jenereta ya pa lodge yoyandikana ikayaka. Pa mafilimu athu ambiri munthu ameneyu kulibe, ndipo komwe aliko amakhala msuweni wa wojambula amene anangobwera kudzathandiza kunyamula zikwama, n'kupatsidwa ndodo ya maikolofoni poti manja ake anali opanda kanthu.